Thileyi Yodzera Kunja kwa Khoma

Mukadzalowa m'chigayo cha mpunga chija chili chakumpoto kwa tauni ya Karonga, mudzakweze maso kudenga. Mudzaona thileyi ya mawaya a magetsi ikuchoka pa bokosi lalikulu la masiwichi, ikuyenda mowongoka bwino mpaka pakhomo la holo yosokera matumba. Ikafika pamenepo imakhota, kuboola khoma, kutuluka panja, kuyenda mamita makumi anayi m'munsi mwa malata a khonde, kenaka kuboolanso khoma ndi kulowa kumene kuli mamota. Munthu wodziwa ntchito yathu akaiona amayamba wapukusa mutu, chifukwa njira yachidule inalipo, yodutsa pakati pa holoyo. Amene anasainira njira yokhotayo ndine. Amene anaimanga ndi a Ambokile Mwalwimba, ndipo ndi za iwowo ndikufuna kunena, ngakhale ndikudziwa kuti ponena za iwo ndidziyalutsa ndekha.

Ndinafika ku Karonga mu Meyi 1986, mpunga ukukololedwa. Ndinali ndi zaka makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi, kwathu ku Chiradzulu, ndipo kampani ya ku Blantyre imene inandilemba inandituma kukakhala folomani woyala mawaya a makina atsopano. Ndinatsika basi ndi sutikesi, pulani yokulunga m'khwapa, satifiketi ya giredi wani mu envulopu, ndi taye pakhosi. Taye ku Karonga. Pofika pachipata cha chigayo shati inali itamatirira kumsana, koma sindinamasule poopa kuti anthu angandiyese munthu wamba.

Kwa amene simudziwa, thileyi ndi chitsulo chachitali chokhala ngati ngalande yosaya, chobooledwabooledwa pansi kuti mpweya uzidutsa. Chimabwera m'zidutswa za mamita atatu. Timazilumikiza ndi mabawuti, kuzipachika m'mwamba pa mabulaketi, ndipo mawaya akuluakulu amagona m'menemo m'malo molendewera ngati zingwe zoyanikapo zovala. Papepala ndi ntchito yosavuta, mzere umodzi wa pensulo. Pamwamba pa nsanja, dzuwa litatenthetsa malata, ndi nkhani ina.

Anandipatsa anthu asanu ndi mmodzi. Mwa iwo munali a Manase, owotcherera zitsulo, bambo wonenepa wokonda kuseka, ndiponso a Mwalwimba, amene aliyense ankawatchula kuti fundi, ndiko kuti mmisiri wamkulu. Anali aatali, oonda, a imvi zoyambira m'mbali, ndipo ankatsokomola pang'ono asanalankhule. Anali msinkhu wa bambo anga, koma ine ndinkangowaitana kuti Ambokile, ngati mnzanga wosewera naye mpira. Iwo ankayankha kuti, "Ndabwera, a Folomani," osasintha nkhope.

Mbiri yawo ndinaimva pang'onopang'ono. Anabadwira m'nthochi za kufupi ndi Songwe, nakula akuweta ng'ombe za bambo awo. Sukulu analekezera sitandade fili. Ali mnyamata anapita wapansi kumigodi ya mkuwa ku Zambia, kumene anayamba ndi kunyamulira amisiri makwerero, natha ali munthu amene amisiriwo ankamufunsa. Zaka makumi awiri ndi chimodzi anapachika mathileyi pansi pa nthaka ndi m'nyumba zosungunulira mkuwa. Anabwerera kwawo ndi njinga, makina osokera a akazi awo a Hilda, chifuwa chija, ndi fayilo imodzi yopalira zitsulo, ya chigwiriro chakuda, imene sankabwereketsa munthu. Pepala la ntchito analibe ngakhale limodzi. Anamanga mudzi wawo pafupi ndi tauni, nagula ng'ombe, nakhala mkulu wa mpingo.

Kagwiridwe kawo ka ntchito kankandinyansa poyamba, chifukwa sikanali ka m'buku. Levulo yanga yatsopano yoyezera kuwongoka kwa mzere sankaikhulupirira. Ankatenga paipi yoonekera m'kati, kuthiramo madzi, kupatsa a Manase mbali ina, n'kumalemba pakhoma pamene madzi aima. Mzere wawo unkatuluka wowongoka kuposa wanga, ndipo ine ndinkanena kuti khoma ndi lopindika. Akadula thileyi ndi sowo ankapala m'mphepete ndi fayilo ija, kenaka kutulutsa duku lakale la a Hilda m'thumba ndi kuliyendetsa pamene adulapo. Duku likakola pang'ono pokha, ankapalanso.

"Ambokile, tikuchedwa," ndinatero tsiku lina. "Kumwambako ndani akaone?"

"Waya ali ndi khungu ngati munthu, a Folomani," anayankha. "Mukamucheka lero salira yayi. Adzalira ifeyo titapita."

Kuchedwa ndinkakuopa pa chifukwa. Akuluakulu a chipani anali atasankha kale tsiku lodzatsegulira makina atsopanowo, ndipo masiku amenewo tsiku likasankhidwa ndi anthu amenewo silinkasuntha, chinkasuntha ndi munthu. Mantha anga ndinkawatulutsira pa antchito. Sabata yoyamba yomwe ndinalamula kuti pantchito pazilankhulidwa Chichewa chokha. Ndinati ndicho chilankhulo cha fuko, ndipo ndinanena nditatukula chifuwa. Zoona zake n'zakuti akaseka m'Chinkhonde ndinkaganiza kuti akuseka taye wanga. Anamvera. Kuyambira tsiku limenelo ankandiuza za mabawuti ndi mabulaketi basi, china chilichonse ankasunga.

Tsopano ndikuuzeni chimene Karonga yense ankadziwa, kupatula ine ndi a Morton, manijala wa chigayo, munthu wa ku Ntcheu amenenso anali mlendo ngati ine. Chigayo sichinaime pamene ife tinkagwira ntchito. M'holo yaikulu munkakhala amayi oposa makumi awiri, ena akutola timiyala mumpunga, ena akusoka matumba. Mmodzi wa osoka matumbawo anali Keziya, mkazi wa Lyson, mwana woyamba wa a Mwalwimba. Lyson anali atamwalira chaka chapitacho, nasiya ana atatu, ndipo madzi osefukira anali atakokolola munda wa mpunga wa banjalo. Ntchito ya singano ija ndiyo inkadyetsa anawo.

Kwa Ankhonde, mkamwana ndi apongozi ake aamuna saonana. Salowa m'nyumba imodzi, sakumana panjira. Mkamwana akamva kuti akubwera amapatukira m'nthochi atafunda kumutu, ndipo ngakhale dzina lawo salitchula. Si chidani, ndi ulemu, ndipo ulemu wake ndi wolemera. Mabanja ena a m'tauni anali atayamba kuufewetsa, koma osati a Mwalwimba. Zaka zisanu ndi zinayi anthu awiriwa anakhala pamudzi umodzi, nyumba zawo zitalekanitsidwa ndi nthochi zokha, osayang'anana kumaso. Sananene kwa a Morton kapena kwa ine chifukwa ankadziwa yankho la mabwana: ngati simungakhale pamodzi, wina achoke. Ndiye anapangana kudzera mwa a Hilda. A Mwalwimba akafuna kudutsa m'holo ankagogoda chitsulo katatu ndi sipanala, Keziya n'kutulukira khomo lakumbuyo.

Chondichititsa manyazi kwambiri n'chakuti mwambo wotere si wachilendo kwa ine. Kwathu mkamwini ndiye amathawa apongozi aakazi. Bambo anga omwe ndinawaonapo akulowa m'chimanga ndi njinga yomwe ataona agogo akubwera. Ndinakula ndikuziona zimenezi. Koma ndinali ndi satifiketi, ndipo munthu wa satifiketi safunsa.

Zonse zinkayenda bwino pamene tinali mbali ya bokosi la masiwichi. Mavuto anayamba thileyi itafika pakhomo la holo. Pulani inkati idutse pakati penipeni, pamwamba pa mitu ya amayi osoka matumba, ntchito ya masabata awiri. Apa fundi wanga anasintha. Munthu amene ankafika ine ndisanafike anayamba kupeza zifukwa. Lero mabulaketi sanaume penti, mawa sowo yabuntha. M'holo ankalowa nthawi ya nkhomaliro yokha, amayi atatuluka, n'kugwira ntchito ngati wamisala ola limodzi, osadya. Ndikamukakamiza nthawi ina, ndinkamva ngo, ngo, ngo pachitsulo, ndipo mayi wina wamfupi ankasiya singano, kufunda chitenje kumutu, n'kutuluka. Ankakhala panja padzuwa mpaka ife titatsika.

Tsiku lachinayi a Mwalwimba anandipeza ndikuyang'ana pulani.

"A Folomani, ndili ndi ganizo. Thileyi iyi tiitulutse kunja, iyende m'khonde, ikalowere uko kumamota."

"Chifukwa?"

Anatsokomola. "M'holo muno muli fumbi chomene. Mankhusu a mpunga adzadzaza thileyi, mawaya adzatentha. Ku migodi ndinaonapo moto woyamba choncho."

Ndinayala pulani patebulo ndi kuiloza ndi pensulo. Ndinawauza kuti pulaniyo inajambulidwa ndi injiniya wophunzira kunja, osati m'nthochi. Mawu amenewo ndinawanenadi, ndipo ndinakondwera nawo tsiku lonse. Iwo anangothokoza m'chilankhulo chawo kuti, "Ndaga, a Folomani," n'kubwerera kukapala zitsulo zawo.

A Morton nawo anali atatopa. Anandiitana n'kunena kuti mayi uja Keziya akuthawathawa pantchito, matumba ake akutsalira, ndipo akapitiriza amuchotsa, pachipata pali amayi ambiri ofuna malo. Apa m'pamene nzeru zanga zinadzuka. Ndinayamba kufufuza ngati wapolisi. Ndinaona kuti mayi wothawayo ndi mmodzi yemweyo nthawi zonse. Ndinaona kuti kugogoda kuja ndi chizindikiro. Tsiku lina ndinaona a Mwalwimba akupatsa a Manase kaphukusi ka nthochi zootcha ndi usipa, a Manase n'kukasiya pawindo la holo, Keziya n'kudzatenga. Ndinaphatikiza zonsezi usana umodzi ndipo yankho linatuluka loyera: chibwenzi. Mkulu wa mpingo ndi mayi wamasiye, ayambana kapena akuopa maso a anthu, ndipo ntchito yanga ikufera pamenepo. Ndinadzitamandira kwambiri. Ndinaganiza kuti mwina ndinalakwa ntchito, ndikanakhala wa zofufuza.

A Manase anayesa kundipulumutsa. Atamva kuti ndikufuna kuitanitsa awiriwo ku ofesi, ananditsatira kuseri kwa nyumba ya injini, nkhope yopanda kuseka koyamba chiwadziwireni.

"Abwana, pole pole, musathamange. Nkhani ya fundi ndi mayi uja si mmene mukuganizira yayi. Kuno kwathu kuli mwambo..."

"A Manase, mwambo wa kuno ndi pulani iyi," ndinawadula. "Inunso ndinu amtengatenga awo, ndinakuonani ndi kaphukusi. Mukapitiriza muloweramo."

Anabwerera ku moto wawo wowotcherera zitsulo.

Ofesi ya a Morton inali kachipinda ka khomo limodzi ndi windo limodzi loyang'ana kuholo. Tinaitana Keziya poyamba. Anakana mpando, nakhala pansi pafupi ndi kabati. Kenaka ndinapita kukatenga a Mwalwimba, n'kuwanamiza kuti tikukambirana za ganizo lawo lija. Anabwera mwachangu, akupukuta manja ndi duku, nkhope itawala. Atangolowa ndinatseka chitseko ndi kuima pamenepo, kuti wina asathawe. Ndinaganizira zonse, mwaonatu.

Keziya anakweza mutu kuti aone amene walowa. Kanali kanthawi kochepa chabe. Kenaka anatulutsa kamawu kakang'ono ngati munthu amene waponda khala, natembenukira kukhoma, nadzikuta chitenje mutu wonse. A Mwalwimba anatembenukira kuchitseko, koma pachitseko panali ine. Anaima ataweramitsa mutu, mphuno yawo pafupi ndi taye wanga.

Ine ndinaona ngati umboni wakwana. Ndinayamba ulaliki. Ndinati ndife anthu akuluakulu, zachikondi zili ndi malo ake, ntchito ya boma singaime chifukwa cha anthu awiri amene akulephera kudzigwira. Ndinati ndi zamanyazi kwa munthu wa imvi, mkulu wa mpingo. Ndinalankhula mokweza kuti a Morton aone kuti folomani wa ku Blantyre sachita mantha, ndipo sindinaone kuti windo linali lotsegula ndiponso kuti m'holo masingano anali ataima. Ndinamaliza ndi lamulo.

"Tsopano yang'ananani, mugwirane chanza, nkhani ithere pompano."

Palibe anasuntha. A Mwalwimba anatsokomola, nalankhula motsitsa, akuyang'ana nsapato zanga.

"A Folomani, ameneyo ndi mkazi wa mwana wanga Lyson. Lyson tinamuika chaka chatha. Nditsegulireni chitseko."

Ndinatsegula. Sindikumbuka kuti dzanja linapeza bwanji chogwirira. Anatuluka, ndipo patapita nthawi amayi awiri analowa osagogoda, osatiyang'ana, nadzutsa Keziya ndi kupita naye. A Morton anayamba kusanja mapepala amene anali osanjika kale. Ine ndinkafuna nthaka ing'ambike, koma simenti ya m'chigayomo inali yolimba.

M'mawa mwake Keziya sanabwere, a Mwalwimba sanabwere. A Manase anandikhazika pa mulu wa mathileyi n'kundifotokozera, m'Chichewa chimene ndinalamula chija, pang'onopang'ono ngati akuphunzitsa mwana. Kuwaika m'chipinda chimodzi kunali kulakwa kwakukulu, koma kukanakonzeka. Choopsa chinali mawu amene anatulukira pawindo. Pofika madzulo anali atafika kumsika, ndipo kumsika sankati folomani wanena zopusa, ankati zamveka kuchigayo. Alongo ake a Keziya a ku Kaporo anali atatumiza uthenga kuti Loweruka akubwera kudzamutenga, sangamusiye pamudzi pamene dzina lake ladetsedwa.

"Ndiye apita ndi ana?" ndinafunsa.

"Ana yayi. Ng'ombe za malowolo zinapita kale kwawo kwa Keziya, ana ndi a kwa Mwalwimba. Apita yekha. Wamng'ono, Emma, ali ndi zaka zitatu."

Ndinali nditabwera kudzayala mawaya, ndipo m'mphindi khumi ndinali nditalekanitsa mayi ndi ana ake.

Tsiku lachitatu a Mwalwimba anabwera atavala jekete la kutchalitchi, ovolosi ya kampani itapindidwa bwino m'manja. Anaiika patebulo langa. Anati akusiya ntchito kuti mwina Keziya abwerere m'holo, a Morton asapereke malo ake kwa wina. Ndinaimirira, ndipo koyamba ndinawatchula bwino.

"Bambo Mwalwimba, ndalakwa. Ndiuzeni chochita."

"Ntchito si vuto tsopano," anatero. "Mawu ndiwo vuto. Anatuluka m'kamwa mwanu. Ine sindingawabweze."

Loweruka m'mawa anthu a ku Karonga anaona folomani wa giredi wani akukoka mbuzi pamsewu. A Manase ndiwo anati ndisapite chimanjamanja, ndipo ndiwo anasankha mbuziyo, tonde wamakani amene ndikukhulupirira kuti anamusankha dala. Kawiri anandigwetsera m'ngalande. A Manase ankayenda kumbuyo akukankha njinga, akupereka moni kwa aliyense ndi kufotokoza kumene tikupita, kuti pasakhale munthu wotsalira pa nkhaniyi. Taye ndinali nditamusiya kunyumba.

Tinakhala pabwalo losesedwa bwino pakati pa nthochi. Mbali ina kunali a Mwalwimba ndi akulu a mpingo awiri, mbali ina alongo atatu a Keziya, wamkulu wawo a Gordon, mphunzitsi wa nkhope yosaseka. Keziya anali kuseri kwa nyumba, ndipo a Hilda ankapita ndi kubwera kumufikitsira mawu. Katundu wake anali atamangidwa kale m'chitenje pakhonde, ndipo kamtsikana kakang'ono kanakhala pamwamba pa mtolowo kakudya nthochi. Ndinapepesa mmene ndinathera. A Gordon anandisiya ndimalize, kenaka anafunsa m'Chichewa chomveka bwino kuposa changa.

"Tamva kupepesa. Koma tikufuna dzina. Anakuuzani ndani? Mlendo sangangodzuka n'kunena chinthu chotere. Alipo wa konkuno amene anakunong'onezani, ndipo ngati alipo ndiye kuti mudzi ukulankhula, mlongo wathu sangakhale."

Apa ndinazindikira kuti chopulumutsa banjali chinali chimodzi chokha, ndipo chinali chowawa.

"Palibe anandiuza. Ndinaganiza ndekha."

"Nokha?"

"Ndekha. Ndinaona kugogoda, ndinaona kufunda kumutu, ndinaona nthochi pawindo. Ndinaphatikiza."

"Munaona mkazi akufunda kumutu n'kuthawa mwamuna, inu n'kuti ndi chibwenzi? Kwanu zibwenzi zimathawana?"

Wina mwa akulu a mpingo anabisa pakamwa ndi chipewa. Koma a Gordon sanakhutire. Anati munthu wophunzira, wotumidwa kuchokera ku Blantyre, sangakhale wopusa chotero. Apa a Mwalwimba anatsokomola napempha kulankhula, ndipo anandiimira mlandu m'njira imene sindidzaiwala.

"Angakhale," anatero. "Ine ndagwira naye ntchito masabata asanu. Mwana uyu mtima wake si woipa, koma mutu uli m'mapepala. Anavala taye mwezi wathunthu pansi pa malata. Madzi a m'paipi akamutsutsa amati khoma lapindika. Anatiletsa Chinkhonde, kenaka n'kumadabwa kuti palibe akumuuza kanthu."

A Manase sanadikire kuitanidwa. Anawonjeza za tsiku limene ndinatsamira bulaketi yongowotcherera kumene, ndi tsiku limene ndinakalipira anthu chifukwa cha sipanala imene inali m'thumba langa lakumbuyo. Anafotokoza ndi manja omwe, ndipo pena ankasinthira m'Chinkhonde kuti zikome. Umboni uliwonse ukaperekedwa a Gordon ankandiyang'ana, ine n'kuvomera ndi mutu. Ndinavomera zonse, ngakhale imodzi imene a Manase anangopeka. Kuseri kwa nyumba kunamveka a Hilda akuseka, kenaka mawu ena aakazi, otsika, akuseka ndi kulira pamodzi.

Anakambirana okha nthawi yaitali, ine osamva kanthu, ndipo nthawi imeneyi sindinapemphe kuti alankhule Chichewa. Pomaliza a Manase anandimasulira chigamulo. Mawu a munthu wotere alibe kulemera, mudzi sunganyamule mlandu wa chitsiru chobwera ndi basi. Mbuzi ailandira. Lamulungu ndikaime m'tchalitchi ndinene zomwezo pamaso pa anthu, ndipo Lolemba ndikanenenso m'holo, pawindo lomwe lija. Keziya akhala. A Hilda anabwera kudzatsitsa Emma pamtolo paja ndi kulowetsa katundu m'nyumba. Chibadwire sindinasangalalepo chotero potchedwa chitsiru.

Lolemba lomwelo, nditatha kudziyalutsa kachitatu, ndinatenga pensulo ndi kusintha pulani. Thileyi inatuluka kunja. Panafunika makona anayi owonjezera ndi chivindikiro choteteza ku dzuwa ndi mvula, ndipo a Mwalwimba anapinda makonawo okha, mokhota pang'onopang'ono kuti waya asathyoke msana. Anagwira ntchito kunja kwa khoma, Keziya akusoka matumba m'kati mwake, njerwa imodzi pakati pawo. M'mawa uliwonse asanakwere nsanja ankagogodabe katatu, ngakhale panalibenso chifukwa choti wina atuluke. A Manase anati kumeneko kunali kupereka moni. Tinamaliza kutatsala masiku awiri.

Injiniya atabwera kuchokera ku Blantyre anaima nthawi yaitali pamene thileyi yaboola khoma. Anafunsa chifukwa, ndipo ndinayankha ndi mawu a a Mwalwimba, a fumbi ndi mankhusu ndi moto. Analowa m'holo, napaka chala pa mtanda wa denga, chala n'kutuluka choyera ndi fumbi. Anandigwira paphewa nati ndili ndi maso, achinyamata ambiri amangotsata pepala. Ndikanatha kuloza munthu amene anali chapatali akupukuta fayilo yake. Ndinangoti zikomo bwana. Mbuzi ija sinandichiritse zonse.

Ndinabwereranso ku Karonga patapita zaka zisanu ndi chimodzi, pa ntchito ina, ndipo ndinapatukira kuchigayo. A Manase anandiuza kuti fundi anamwalira chaka chapitacho, chifuwa cha ku migodi chija. Ndinapita kukhonde, ndinakwera pa mulu wa matumba, n'kuyendetsa mpango wanga m'mphepete mwa thileyi, pa mfundo iliyonse imene dzanja linafika. Sunakole paliponse.

Potsika ndinapeza mayi ataima pakona. Anali Keziya, tsopano kapitawo wa amayi a m'holo. Aka kanali koyamba kuti ndimuone nkhope bwinobwino. Tinapatsana moni, anandiuza kuti Emma ali sitandade fili, ndipo ine ndinayambanso kupepesa. Anandidula ndi dzanja.

"Zinatha zija, abwana. Munalipira mbuzi." Anayang'ana thileyi kumwamba. "Agogo a ana anga ndinakhala nawo pamudzi zaka khumi ndi zinayi. Mawu awo ndinkawamva kuseri kwa nthochi, chifuwa chawo ndinkachidziwa, mapazi awo panjira ndinkawadziwa. Nkhope yawo ndinaiona kamodzi kokha, mu ofesi muja, chifukwa cha inu."

Ndinaweramitsa mutu, kudikira kuti amalize kundiweruza.

"Palibe anandiuzapo kuti ankafanana chotero ndi Lyson," anatero. "Ndinaona ngati walowa ndi iyeyo, atakalamba."

Anakonza chitenje chake, nanena kuti matumba akumudikira, n'kulowa m'holo.